Apilo ya maintenance ikathetsedwa chifukwa simunafike kukhoti: mafunso ndi mayankho

Mafunso awa sanabwere tsiku limodzi. Ena anandifunsa pamaliro ku Mbare, ena titatuluka m'tchalitchi ku Highfield, ena pa WhatsApp pakati pa usiku munthu tulo titamuthawa. Ine si loya. Ndangokhala ndikuperekeza abale athu kumakhoti kuno ku Harare ndi kuwawerengera mapepala a Chingerezi, ndipo zomwe zili pano ndi za malamulo a Zimbabwe, osati a kumudzi ku Malawi. Mawu oti maintenance ndawasiya momwe tonse timawatchulira: ndalama zomwe khoti lalamula kuti munthu azipereka kwa mkazi kapena mwamuna amene anasiyana naye, kapena zosamalira ana.

Ndinachita apilo koma tsiku la mlandu sindinapite. Kumeneko kunachitika zotani?

Sizitenga nthawi. Ku High Court, apilo yochokera kwa majisitireti imamvedwa ndi majaji awiri, ndipo patsogolo pawo pamakhala mndandanda wa milandu ya tsikulo. Wanu ukafika, dzina lanu limatchulidwa m'khoti. Pakakhala zii, wina amatuluka n'kukaliitananso pakhonde, anthu odikira pabenchi n'kumayang'anana. Akabwerera n'kunena kuti palibe wayankha, majaji amayang'ana kaye ngati munauzidwadi za tsikuli. Umboni ukakhalapo, loya wa mbali inayo amangoimirira n'kupempha kuti apilo ithetsedwe, ndi kuti inu mubweze zomwe wawononga. Papepala mudzaona mawu akuti dismissed for want of prosecution, kutanthauza kuti mwini mlandu wausiya yekha.

Majaji ali ndi mphamvu yosankha zina: akhoza kuusunthira tsiku lina, kapena kuuchotsa pamndandanda. Koma amatero pakakhala chifukwa chomwe chafika m'makutu mwawo. Munthu amene wangosowa popanda ngakhale kakalata sawapatsa pogwira.

Ndiye kuti ndaluza zonse?

Chigamulo choyamba chija chili chilili, ngati kuti apilo simunachite n'komwe. Ngati majisitireti anati muzipereka ndalama zakuti pa mwezi, ndi zomwezo, ndipo pamwamba pake mwina pawonjezeka ndalama za loya wa mnzanuyo.

Komatu ine ndinasiya kulipira chifukwa nkhani inali pa apilo. Si mmene zimakhalira?

Apa ndi pomwe abambo ambiri amagwa chagada, ndiye ndichedwepo.

Lamulo lotchedwa Maintenance Act, Chapter 5:09, pa gawo 27 limalola munthu wosakhutira ndi chigamulo cha khoti la maintenance kupita ku High Court. Koma gawo lomwelo limanenanso kuti kuchita apilo sikuimitsa chigamulocho, pokhapokha mutapempha mwapadera ndipo khoti litavomera. Chifukwa chake n'chosavuta kumva: mwana sadikira majaji kuti adye, ndipo mwini nyumba ku Mufakose safunsa ngati nkhani ili pa apilo mwezi ukatha.

Tiyerekeze kuti analamula madola 80 pa mwezi. Mwachita apilo, mwasiya kulipira, papita miyezi 9 mafayilo akuyenda. Tsiku lomwe apilo yathetsedwa muli kale ndi ngongole ya madola 720, ndipo mwezi wakhumi ukugogoda. Ngongole imeneyi si ya pagolosale yoti mukanyengerera. Gawo 23 la lamulo lomweli limati kusamvera chigamulo cha maintenance ndi mlandu, ndipo munthu akhoza kukhala kundende mpaka chaka chimodzi. Nthawi zambiri majisitireti amapereka mpata wakuti mulipire pofika tsiku lakuti, mukalephera mulowe. Ndipo kulowako sikufafaniza ngongole. Mukatuluka mudzaipeza ikukudikirani. Ngati muli pantchito yolembedwa, khoti likhozanso kulamula abwana anu kuti azidula ndalamazo pamalipiro zisanafike m'manja mwanu, chomwe anthu amati garnishee.

Nkhani imasiyana pang'ono ngati chigamulo chinachokera ku High Court pa mlandu wa chisudzulo inu n'kupita ku Supreme Court. Pamenepo apilo kawirikawiri imaimitsa kaye chigamulo, pokhapokha mnzanuyo atapempha chilolezo choti chiyambe kugwira ntchito. Koma musasangalale nazo. Apilo ikagwa, chigamulo chimadzuka ndi miyezi yake yonse.

Ndinena mosabisa, ngakhale ena andida nazo: pali anthu amene amachita apilo osati chifukwa majisitireti analakwitsa, koma kuti apume kaye, kapena kuti mayi uja atope asiye. Anthu oterewa ndi omwe safika pa tsiku la mlandu, chifukwa alibe choti akanene. Majaji anaziona kale zimenezi kambirimbiri.

Apilo yanga imayenera kupita khoti liti?

Zimatengera komwe chigamulo chinachokera. Ngati ndi kwa majisitireti, kaya ku Harare Civil Court, ku Mbare kapena ku Chitungwiza, apilo imapita ku High Court, mumsewu wa Samora Machel. Ukwati wa mkazi mmodzi, uja tidakautchulabe kuti 5.11 ngakhale kuyambira 2022 maukwati onse ali pansi pa Marriages Act, Chapter 5:17, umathetsedwa ku High Court, ndipo jaji yemweyo amagawa katundu ndi kulamula za maintenance motsatira gawo 7 la Matrimonial Causes Act. Wosakhutira pamenepo amapita ku Supreme Court. Masiku ochitira apilo ndi owerengeka: ku Supreme Court ndi 15, osawerengera Loweruka, Lamlungu ndi masiku a tchuthi.

Kodi apilo yothetsedwa ingadzutsidwenso?

Ingathe, koma si ufulu wanu ayi, ndi pempho. Mumalemba pempho loti apilo ibwezeretsedwe, limodzi ndi afidaviti, chikalata chomwe mumalumbira kuti zomwe mwalembamo ndi zoona. Jaji amayang'ana zinthu zitatu pamodzi: mwachedwa nthawi yaitali bwanji, chifukwa chomwe simunafikire ndi chomveka kapena ayi, komanso ngati apiloyo ili ndi mwayi wopambana. Chachitatuchi anthu amachiiwala. Mukhoza kukhala ndi chifukwa chogwira mtima, koma ngati apilo yanu ilibe mutu, jaji sadzaidzutsa kuti ingofanso kachiwiri.

Ku Supreme Court, malamulo a 2018 anaika masiku 15 kuchokera pomwe mwauzidwa kuti apilo yatayika. Kulikonse komwe muli, sabata iliyonse yomwe mwakhala chete mudzafunika kuifotokoza.

Ndikukumbukira bambo wina wa kutchalitchi kwathu, kalipentala. Mayi ake anamwalira kumudzi ku Ntcheu kutatsala masiku anayi kuti mlandu ulowe. Anakwera basi usiku womwewo, kudzera pa Nyamapanda ndi Tete, mutu wonse uli pamaliro. Atabwerako patatha masabata atatu anapeza apilo itagwa. Tinakhala pansi pakhonde la nyumba yake n'kuyala mapepala pampando: pasipoti yokhala ndi zidindo za pachipata, tsiku lotuluka ndi tsiku lolowa, tikiti ya basi yomwe inali itapindika m'thumba la jekete, ndi kalata ya amfumu yotsimikiza za malirowo. Loya amene anatithandiza anaziyang'ana n'kunena kuti zili bwino, kenako anafunsa funso limodzi: "Bambo, masiku anayi aja foni munalibe?" Bamboyo anangoweramitsa mutu. Anayenera kulemba m'chikalata chake, ndi mawu akeake, chifukwa chomwe sanatumize ngakhale uthenga. Imfa ya mayi aliyense amaimvetsa, koma kukhala chete kuja kunafunika kufotokozedwa pakokha.

Choncho ngati mwadwala, sungani khadi la kuchipatala lokhala ndi tsiku. Ngati munali m'manja mwa apolisi, pezani pepala losonyeza zimenezo. Zoti kombi inachedwa kapena abwana anakana kukupatsani tsiku, pazokha n'zopepuka kwambiri.

Papepala langa sanalembe dismissed, alemba struck off the roll. N'chimodzimodzi?

Ayi, ndipo kusiyanako n'kofunika. Mawu akuti struck off the roll amatanthauza kuti mlandu wachotsedwa chifukwa china chake sichinatsate malamulo a khoti, mwina chikalata cha apilo sichinalembedwe bwino. Malangizo a makhoti otchedwa Practice Direction 3 of 2013 amapereka masiku 30 oti mukonze cholakwikacho, kupanda kutero mlandu umatengedwa kuti mwausiya. Akalemba removed from the roll kapena postponed sine die, ndiye kuti wachotsedwa kapena wasunthidwa popanda tsiku, ndipo pakatha miyezi itatu musanapemphe tsiku lina, nawonso umafa.

Palinso apilo zina zomwe zimafa tsiku la mlandu lisanafike n'komwe. Wochita apilo ndiye amalipira kuti zonse zomwe zinanenedwa kwa majisitireti zilembedwe bwino n'kutumizidwa kukhoti lalikulu, amayenera kukaziona ngati zalembedwa molondola, ndipo ngati ali ndi loya, loyayo amayenera kupereka mfundo zake zolemba, ma heads of argument, pa nthawi yake. Chimodzi mwa izi chikaphonyeka mudzalandira kalata yoti apilo yatengedwa kuti mwaisiya. Anthu ambiri amaganiza kuti akangopereka pepala loyamba ntchito yatha, kwatsala n'kudikira kuitanidwa. Ntchito imakhala itangoyamba kumene.

Ine palibe chomwe ndinalandira. Ndikanadziwa bwanji tsikulo?

Ngati simunauzidwedi, chimenecho ndi chifukwa champhamvu, pakuti gawo 69 la lamulo lalikulu la dziko lino limapatsa aliyense ufulu womvedwa mwachilungamo. Koma funso loyamba lidzakhala lakuti: adiresi yomwe munalemba papepala la apilo ndi iti? Ambirife ndi a lendi. Lero tili ku Epworth, mwezi wa mawa ku Dzivarasekwa. Khoti limadziwa adiresi yomwe munalipatsa basi, ndipo mukasamuka ndi udindo wanu kulidziwitsa molemba.

Masiku ano pawonjezeka china. Kuyambira 2022 makhoti akuluakulu anayamba kuyendetsa milandu pa intaneti kudzera pa IECMS, ndipo High Court inalowamo mu 2023. Zikalata zimaperekedwa momwemo, uthenga wa tsiku la mlandu umafikanso momwemo ndi pa imelo yomwe inalembetsedwa. Vuto lomwe ndaliona kangapo ndi ili: munthu sadziwa kompyuta, ndiye amapita kwa mnyamata wina m'tauni amene amatayipira anthu makalata, mnyamatayo n'kumutsegulira akaunti ndi imelo yatsopano, pasiwedi n'kuilemba pa kapepala. Kapepalako kamatayika sabata yomweyo. Miyezi isanu pambuyo pake uthenga umalowa mu imelo yomwe palibe amene amaitsegula. Kwa khoti, munauzidwa. Ngati muli ndi mwana kapena mdzukulu wodziwa foni, mupatseni ntchito yoyang'anamo Lolemba lililonse.

Amene sanapite ndi loya wanga, ine ndinamulipira. Ndilangidwe ine?

N'zowawa, koma pamaso pa khoti loya ndi inu ndinu munthu mmodzi. Majaji nthawi zina amamva chisoni, makamaka loyayo akalumbira yekha m'chikalata kuvomera kuti cholakwa ndi chake. Koma chisonicho chili ndi malire, ndipo adzafunsa kuti inuyo miyezi yonseyi munkatsatira bwanji mlandu wanu. Ngati loya anadya ndalama ntchito osagwira, dandaulo limapita ku Law Society of Zimbabwe, koma imeneyo ndi nkhani ina, siimitsa masiku owerengeka aja.

Kodi amalume kapena ankhoswe angakandiimirire?

Ayi. Amene angalankhule pa mlandu wanu ndi inuyo kapena loya wovomerezeka. Ankhoswe ndi a pabwalo la kunyumba. Chomwe m'bale angachite ndi kufika m'mawa ndi kalata yanu komanso pepala la kuchipatala n'kuzipereka kwa kalaliki wa jaji mlandu usanaitanidwe. Sizitsimikiza kuti asuntha tsiku, koma majaji amakhala ndi chowerenga m'malo mwa mpando wopanda munthu. Ngati mwadziwiratu kuti simudzakhalapo, lemberani khoti ndi mbali inayo nthawi ikadalipo, ndipo funsani ngati mungamvedwe pa vidiyo, poti IECMS imalola zimenezo.

Chingerezi chimandivuta, ndipo Chishona cha m'khoti chimandithawa. N'chifukwa chake ndinaopa kupita.

Ambiri sanena, koma chifukwa chenicheni chimakhala chimenechi, makamaka kwa akuluakulu athu amene anakulira m'mafamu ndi m'migodi. Dziwani kuti gawo 6 la lamulo lalikulu la 2013 limatchula zilankhulo 16 zovomerezeka m'Zimbabwe, ndipo Chichewa chili pomwepo, ndiye choyamba pamndandandawo. Simukupempha chachilendo mukafuna womasulira. Nenani msanga ku ofesi ya khoti, masiku angapo mlandu usanafike, kuti amukonzeretu.

Ine ndine amene ndimalandira ndalamazo. Bambo a ana anachita apilo, ndipitebe ngakhale ndikudziwa kuti sabwera?

Pitani, mayi. Mukakhalapo inu, iwo palibe, mukhoza kupempha pomwepo kuti apilo ithetsedwe. Mukasowa nonse awiri, mlandu ukhoza kungochotsedwa pamndandanda n'kumalendewera. Ndipo akabwera iwo inu palibe, majaji akhoza kumva mbali yawo yokha. Sikuti apambana chifukwa choti inu kulibe, ayenerabe kusonyeza pomwe majisitireti analakwitsa, koma palibe amene adzawatsutse.

Apilo ikathetsedwa, tengani chikalata cha chigamulocho chokhala ndi chidindo, mubwerere nacho kwa kalaliki wa khoti la maintenance komwe nkhani inayambira. Tengani ndi umboni wa zomwe zinalowa ndi zomwe sizinalowe: sitetimenti ya kubanki, mauthenga a ndalama za pafoni a EcoCash, kabuku ngati mumalemba. Kumeneko adzawerengetsa ngongole yonse, ndipo mungasankhe kupempha kuti azidula kuntchito kwawo kapena kukadandaula kupolisi. Achibale adzabwera kudzakuuzani kuti mukumangitsa bambo wa ana anu. Zimenezo muziyeze nokha, mwini nkhani ndinu. Koma ndalama za ana, kunena zoona, si zanu zoti mukhululuke mwachisawawa. Gawo 81 la lamulo lalikulu limaika ubwino wa mwana patsogolo pa zonse.

Ntchito inandithera chigamulo chitaperekedwa kale. Si chifukwa chokwanira chodzutsira apilo?

Apa mwagogoda pakhomo lolakwika, ndipo anthu ambiri amene apilo zawo zimagwa sankafunika apilo poyamba pomwe.

Apilo imafunsa funso limodzi: kodi woweruza analakwitsa potengera zomwe zinali patsogolo pake tsiku limenelo? Majaji amawerenga zomwe zinalembedwa, samva mboni zatsopano, ndipo kawirikawiri salandira nkhani zomwe zachitika pambuyo pake. Komanso sasintha ndalama chifukwa choti iwo akanalamula zocheperako pang'ono. Pamafunika kulakwitsa kooneka.

Ngati zinthu zasintha, ntchito yatha, mwadwala, malipiro atsika, kapena amene mumamupatsayo wayamba ntchito yabwino, njira yake ndi kubwerera kukhoti lomwe linagamula n'kupempha kuti ndalamazo zisinthidwe. Amati variation, ndipo ili pa gawo 8 la Maintenance Act. Ndi yotchipa, ndi yachangu, ndipo ambiri amaichita okha opanda loya. Mumapita ndi kalata yochotsedwa ntchito, mapepala a malipiro, ndi mndandanda woona wa zomwe mumawononga pa mwezi. Njira yomweyi ndi yotsegukanso kwa wolandira, zinthu zikakwera mtengo kapena mwana akayamba sekondale. Kungoti mpaka tsiku lomwe khoti lasintha, chiwerengero chakale ndicho chikugwira ntchito.

Pa ndalama za mkazi kapena mwamuna amene mwasudzulana naye, osati za ana, khoti limayang'ana zaka zake, thanzi lake, ngati angathe kudzipezera yekha, zaka zomwe munakhala m'banja, ndi zomwe anathandiza pakhomo, kuphatikizapo kulera ana ndi kusamala nyumba. Mayi amene wakhala m'banja zaka 30 osagwirapo ntchito yolembedwa saonedwa mofanana ndi mtsikana wa zaka 28 wokhala ndi dipuloma. Ndalama zimenezi zimatha wolandirayo akakwatiwanso kapena kukwatiranso. Za mwana zimafika pa zaka 18, ndipo khoti likhoza kuzipitiriza ngati akadali pasukulu.

Ngakhale kwa majisitireti komweko sindinalipo, anagamula ine kulibe. Ndichite apilo?

Ayi. Chigamulo choperekedwa munthu kulibe sachichitira apilo. Mumabwerera kukhoti lomwelo, mwamsanga mutangomva, n'kupempha kuti lichifafanize ndi kumva mbali yanu, mukufotokoza chifukwa chomwe simunafikire. Mukathamangira ku High Court adzakubwezani, ndalama ndi miyezi zitapita.

Tinakambirana kunyumba ndi akuluakulu, tagwirizana. Tingongosiya osapita?

Kugwirizana n'kwabwino, koma khoti silidziwa zomwe munakambirana pamphasa. Wochita apilo alembe chikalata choichotsa yekha, m'malo moisiya kuti igwe ndi ndalama za loya pamwamba. Ndipo ngati mwagwirizana chiwerengero chatsopano, pitani nonse kwa majisitireti chikalembedwe. Ndinaonapo anthu atabwererana, n'kukhala chaka chathunthu nyumba imodzi, chigamulo chakale chili m'fayilo osachikhudza. Atayambananso, panabuka mkangano wa miyezi yonse ija, wina akuti ndinkagula chakudya, wina akuti sindinalandire kalikonse.

Ndalama ya loya ndilibe. Ndipite kuti?

Boma lili ndi Legal Aid Directorate, pansi pa unduna wa zachilungamo, yomwe imathandiza anthu osowa ikaona mmene amapezera. Palinso Legal Resources Foundation, ndipo amayi angapite ku Zimbabwe Women Lawyers Association kapena ku Musasa. Mizere imakhala yaitali, ndiye lawirirani. Popita tengani chigamulo choyamba, chikalata cha apilo, pepala lomwe lakuuzani kuti yathetsedwa, chitupa chanu, ndi nambala ya mlandu. Nambalayo ilembeninso penapake m'foni, chifukwa pa ofesi iliyonse ndi yomwe adzayambe kukufunsani musanakhale n'komwe pansi.